MAFUPA A KU KARONGA: CHUMA CHIMENE MVULA IKUKOKOLOLA CHAKA NDI CHAKA

Wolemba Mtolankhani Wathu

M'boma la Karonga, pakati pa mapiri ndi gombe la nyanja ya Malawi, muli zigwembe zouma za dothi lofiira ndi lotuwa zimene wapaulendo angazidutse osacheuka n'komwe. Koma kwa anthu ophunzira za mbiri ya dziko lapansi, malo omwewo ndi ena mwa malo olemekezeka mu Africa muno, pakuti m'menemo ndimo munatuluka mafupa a zilombo zimene zinafa zaka zoposa 100 miliyoni zapitazo, ndiponso chibwano cha cholengedwa chapachibale ndi munthu chimene chinayenda pa dziko lino zaka pafupifupi 2.4 miliyoni zapitazo.

Nkhani imeneyi ikukhudza Boma, sukulu ndi mudzi pamodzi. Dzinja lililonse mvula ifukula mafupa atsopano, ndipo ngati palibe wowaona ndi kuwasamala, mvula yomweyo iwaphwanya niwakokolera kunyanja. Msewu uliwonse umene ulambulidwa, ndi mgodi uliwonse umene ukumbidwa m'madera amenewo, ungathe kuvumbula chinthu chimene dziko lonse lapansi silinachionepo, kapena kuchitswanya osadziwa. Chifukwa chake tayesa kuti nkoyenera kufotokozera awerengi athu, makamaka aphunzitsi ndi antchito a Boma, za mafupa amenewa, za mmene akatswiri awerengera zaka zake, ndi za udindo umene uli pa aliyense wa ife.

FUPA LISANDUKA BWANJI MWALA?

Maphunziro a zamoyo zakale, poyang'ana zotsalira zake m'miyala, amatchedwa paleontology. Zotsalirazo zingakhale mafupa, mano, zigoba za nkhono, mitengo, masamba odindika pa mwala, kapenanso mapazi a nyama imene inaponda pamatope matopewo nauma.

Tonse tidziwa kuti ng'ombe ikafera kuthengo, afisi ndi miimba sachedwa kuimaliza, ndipo mafupa otsalawo dzuwa ndi mvula ziwafumbutsa patangopita zaka zowerengeka. Umu ndimo zithera pafupifupi zamoyo zonse. Koma nthawi zina nyama ifera m'mphepete mwa mtsinje, madzi osefukira nayikwirira msanga ndi mchenga ndi matope afisi asanafike. Pamwamba pake padzaunjikana matope ena, chaka ndi chaka, kufikira kulemera kwake kusandutsa matope a pansiwo kukhala mwala. M'nyengo yonseyo madzi a pansi pa nthaka, amene anyamula michere yosungunuka, alowa m'timibowo ta fupa nasiyamo michereyo. Potsiriza fupa lija likhala lolemera ndi lolimba ngati mwala, koma maonekedwe ake osasintha.

Tsono chinthu chokwiririka pansi potero chituluka bwanji? Apa ndipo dziko lathu lili ndi mwayi. Nyanja ya Malawi ili m'chigwa chachikulu chimene chinang'ambika kuchokera ku Ethiopia kufikira ku Mozambique, ndipo pansi pake pozama koposa pafika mamita pafupifupi 700. Pamene nthaka inali kung'ambika, mbali zina zinatitimira, zina zinakwezeka, kotero kuti miyala imene inali pansi penipeni inaonekera poyera. Mitsinje yotsika kumapiri ya ku Karonga ndi ku Rumphi idula miyala imeneyo monga mpeni udula mkate, nisiya mizere yake poonekera. Chivomezi chimene chinagwetsa nyumba ku Karonga mu December 2009 chinali chizindikiro chakuti kung'ambikako sikunathe.

KUWERENGA ZAKA

Mphunzitsi akanena za zaka mamiliyoni, mwana wanzeru adzafunsa kuti, "Anaziwerenga ndani, popeza kunalibe munthu?" Funso limeneli ndi labwino, ndipo lili ndi yankho.

Njira yoyamba ndi yapafupi. Pa dzala la mudzi, zinyalala za dzana zili pansi pa zinyalala za dzulo. Chomwechonso ndi mizere ya miyala: ngati sinagudubuzike, wa pansi ndi wakale koposa wa pamwamba. Njira iyi itiuza chimene chinayamba ndi chimene chinatsata, koma sitchula chiwerengero cha zaka.

Chiwerengerocho chichokera ku njira yachiwiri. Mu phulusa la mapiri ophulika muli mchere wotchedwa potassium, ndipo mtundu wina wa mcherewo usinthika pa liwiro losasintha, gawo lina nilisanduka mpweya wotchedwa argon: theka la mtunduwo lisinthika pa zaka 1,250 miliyoni. Phiri likamaphulika, kutentha kuthamangitsa mpweya wonse wakale, ndipo phulusa likazizira mpweya watsopano uyamba kuunjikana m'timiyala take. Poyesa kuchuluka kwa mchere wotsala ndi mpweya umene wapangika, katswiri adziwa zaka zimene zapita chiphulikire phirilo. Fupa lopezeka pakati pa mizere iwiri ya phulusa lili ndi zaka za pakati pa ziwerengero ziwirizo. Njira ina yotchuka, ya carbon-14, ithandiza pa zinthu zosapitirira zaka 50,000, choncho siigwira ntchito pa mafupa a dinosaur.

Ndi njira zotere akatswiri apeza kuti dziko lapansi lili ndi zaka pafupifupi 4,540 miliyoni, ndi kuti zizindikiro za tizilombo tosaoneka ndi maso zipezeka m'miyala ya zaka pafupifupi 3,500 miliyoni ku Australia ndi ku Barberton m'dziko la South Africa. Kwa nthawi yaitali moyo unali wa tizilombo totere tokha, m'madzi. Nyama za zigoba zinayamba kuchuluka m'nyanja zaka pafupifupi 540 miliyoni zapitazo, ndipo pambuyo pake ndipo panadza nsomba, zomera za pamtunda ndi nyama za miyendo inayi.

Ziwerengero zotere zizunguza mutu, koma pali njira yozifikitsira kwa ana. Tiyese kuti munthu akuwerenga nambala imodzi pa sekondi iliyonse, usana ndi usiku, osagona, osadya, ndipo nambala iliyonse ikuimira chaka chimodzi. Zaka 2,000 adzazimaliza pa mphindi 33 zokha. Kuti afike pa chibwano cha ku Karonga chija adzatha masiku 28. Kuti afike pa madinosaur a ku Karonga adzatha zaka zoposa zitatu. Koma kuti afike pa chiyambi cha dziko lapansi afunika zaka 144, zimene palibe munthu angakhale nazo.

OYAMBA KUFUFUZA

Mmodzi wa alendo oyamba kutola zotsalira zakale m'dziko muno anali Henry Drummond wa ku Scotland, mphunzitsi wa sayansi ndiponso mlaliki, amene anafika kunyanja mu 1883. Pafupi ndi Karonga anapeza zotsalira za nsomba ndi nkhono m'miyala, nazitchula m'buku lake la Tropical Africa la 1888.

Ntchito yeniyeni inayamba ndi Dr. Frank Dixey, amene anali katswiri wa miyala wa Boma la Nyasaland kuyambira 1921 kufikira 1939. M'zaka za m'ma 1920 iye anayenda pansi m'madera a kumpoto, nalemba mapu a miyala, natola mafupa ku Chiweta ndi ku Mwakasyunguti. Masiku amenewo m'dziko muno munalibe nyumba yosungiramo zinthu zakale, kotero mafupawo anatumizidwa ku Cape Town, kumene Sidney Haughton anawapima. Mu 1928 Haughton analengeza kuti ena mwa mafupawo anali a dinosaur ya mtundu watsopano, naitcha Gigantosaurus dixeyi polemekeza Dixey.

Mafupa a ku Chiweta, m'boma la Rumphi, ndi akale koposa a dinosaur, pakuti ali ndi zaka zoposa 250 miliyoni. Eni ake anali nyama zimene poziona mukadati ndi abuluzi aakulu, koma chigaza ndi mano ake zisonyeza kuti zinali za fuko limene pambuyo pake linabala nyama zonse zoyamwitsa. Ina mwa izo, Oudenodon, inali ndi mlomo wonga wa kamba, ndipo inali kudya zomera. Ina inapatsidwa dzina mu 2015 lakuti Lende chiweta. Kutsidya kwa nyanja, m'chigawo cha Niassa ku Mozambique, miyala ya mtundu womwewo inatulutsa kanyama kamene mu 2013 kanatchedwa Niassodon mfumukasi. Malasha a ku Mchenga, kufupi ndi Livingstonia, ali m'gulu lomwelo la miyala, ndipo malashawo ndi zotsalira za zomera za m'madambo a nyengo imeneyo. Apa aliyense angaone kuti maphunziro awa sali ongosangalatsa ophunzira okha ayi: wofufuza malasha ndi mafuta atsata mizere ya miyala yomweyo, ndipo zotsalira za zamoyo ndizo zimuuza mzere umene waimapo.

Zaka 252 miliyoni zapitazo kunagwa chionongeko choposa zonse m'mbiri ya moyo, pamene mitundu pafupifupi 9 mwa 10 iliyonse ya zamoyo za m'nyanja inatha psiti. Nyama za ku Chiweta zinakhala ndi moyo chionongekocho chili pafupi, ndipo ndicho chifukwa china akatswiri azifunitsitsa.

CHILOMBO CHOTCHEDWA DZINA LA DZIKO LATHU

Kwa zaka zoposa 50 mafupa a ku Mwakasyunguti sanayenderedwe kwenikweni. Mu 1984 Dr. Louis Jacobs wa ku Southern Methodist University, mu mzinda wa Dallas ku America, anafika kudzaona malowo mogwirizana ndi nthambi ya Boma yoona za zinthu zakale. Gulu la Amalawi ndi Amereka linabwererako mu 1987, 1989, 1990 ndi 1992, kukumba m'nyengo ya chilimwe.

Ntchito imeneyi siili ngati kukumba chinangwa. Fupa la zaka mamiliyoni, ngakhale lilemera, lili ndi ming'alu yambiri, ndipo mukalizula ndi khasu liyoyoka. Okumba ayamba alemba pa mapu malo enieni pamene lagona ndi mzere wa mwala umene lilimo. Kenaka achotsa dothi pang'onopang'ono ndi timipeni ndi maburashi, nathira guluu m'ming'alu, nalikulunga ndi mapepala ndi ziguduli zonyikidwa mu pulasitala monga achitira adokotala ndi mwendo wothyoka. Likauma ndipo alinyamula. Kuliyeretsa m'nyumba yopimira kungatenge miyezi. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha.

Mu 1993, ataona mafupa ambiri atsopano, Dr. Jacobs ndi anzake, mmodzi wa iwo Mmalawi Mayi Elizabeth Gomani, anatsimikiza kuti chilombo cha Haughton chinali cha fuko lakelake, nachitcha Malawisaurus dixeyi, ndiko kunena kuti buluzi wa ku Malawi. Chinali chilombo cha miyendo inayi, khosi lalitali, mchira wautali ndi mutu waung'ono, chodya masamba, ndipo utali wake unali woposa mamita 9. Akatswiri ambiri achiika m'chigawo choyamba cha nyengo yotchedwa Cretaceous, zaka zoposa 100 miliyoni zapitazo. Chili m'banja la titanosaur, limene linabala nyama zazikulu koposa zonse zimene zinayendapo pamtunda. Zigaza za banja limeneli sizipezeka kawirikawiri popeza mafupa ake ndi opyapyala. Koma ku Mwakasyunguti kunapezeka zidutswa za chigaza ndi chibwano, ndipo ndicho chifukwa chake dzina la Malawisaurus litchulidwa m'mabuku a akatswiri a maiko onse.

Abale ambiri a chilombochi apezeka ku Argentina ndi ku Brazil. Kodi anaoloka bwanji nyanja yaikulu ya Atlantic? Sanaoloke. Kalelo Africa, South America, India, Australia ndi Antarctica zinali dziko limodzi lotchedwa Gondwana, ndipo pa nthawi ya Malawisaurus Africa ndi South America zinali zikungolekana kumene. Alfred Wegener ataphunzitsa mu 1912 kuti maiko asuntha, ambiri anamuseka. Lero makina apima kusunthako, ndipo ndi masentimita owerengeka pa chaka.

Mayi Gomani anapitiriza maphunziro kufikira analandira udokotala ku Dallas komweko. Mu 1997 anafotokoza za kang'ona kakang'ono ka pamtunda, kosafika mita imodzi, ka mano a nsonga zingapo onga a nyama zoyamwitsa, nakatcha Malawisuchus mwakasyungutiensis. Mu 2005 anatchula dinosaur yachiwiri ya m'dziko muno, Karongasaurus gittelmani, yodziwika ndi chibwano chake ndi mano ake owonda. Pambuyo pake Dr. Gomani-Chindebvu anatsogolera nthambi ya Boma yoona za chikhalidwe. Atsikana a m'sukulu zathu ayenera kumva mbiri imeneyi.

CHIBWANO CHA KU URAHA

Pamwamba pa miyala ya dinosaur pali mizere ina ya mchenga ndi matope a m'mphepete mwa nyanja yakale, yotchedwa dzina la Chiwondo. Imeneyi ndi yaposachedwa poyerekeza ndi inzake, ndipo muli mafupa a njovu, mvuu, ng'ona, agwape ndi nguluwe za mitundu imene inatha.

Kuyambira mu 1983 Dr. Friedemann Schrenk wa ku Germany ndi Dr. Timothy Bromage wa ku America anayamba kufufuza m'mizere imeneyi. Maganizo awo anali akuti: zotsalira za makolo akale a anthu zinapezeka ku South Africa, kumene Raymond Dart analengeza za chigaza cha mwana wa ku Taung mu 1925, ndiponso ku Tanzania, kumene Mary Leakey anapeza chigaza china ku Olduvai mu 1959, tsono dziko la pakati pa malo awiriwa siliyenera kukhala lopanda kanthu. Anafunafuna zaka zisanu ndi zitatu osapeza chimene anadzera. Mu 1991, pa phiri la Uraha kufupi ndi Chilumba, mmodzi wa Amalawi a m'gulu lawo anaona chibwano chothyoka pakati chili pa nthaka. Chinalembedwa nambala UR 501. Chaka chotsatira anasefa dothi lambiri la pamalopo kufikira anapeza kachidutswa ka dzino kamene kanali kusowa.

Ku Uraha kulibe phulusa la mapiri loti n'kupima, choncho zaka za chibwanocho anaziwerenga mwa njira ina. Mano a nguluwe zakale anali kusintha pang'onopang'ono m'kupita kwa nthawi, kutalika ndi kuchuluka nsonga. Ku chigwa cha Omo ku Ethiopia mano otere apezeka pakati pa mizere ya phulusa yopimidwa bwino. Poyerekeza mano a nguluwe a ku Uraha ndi a ku Omo, anapeza zaka pafupifupi 2.4 miliyoni. Eni kufufuzako anaika chibwanocho mu mtundu wa Homo rudolfensis, mmodzi wa mitundu yoyamba ya fuko limene ifenso tilimo. Kwa zaka zambiri chinawerengedwa pakati pa zotsalira zakale koposa za fukoli. Mu 2015 kunalengezedwa chibwano china cha ku Ledi-Geraru ku Ethiopia, cha zaka 2.8 miliyoni.

Mu 1996 ku Malema, kumwera kwa tauni ya Karonga, kunapezeka chidutswa cha nsagwada ya mtundu wina, Paranthropus boisei, wa mano aakulu otafunira zakudya zolimba. Kotero pa nyengo imodzi, m'mbali mwa nyanja yathu, munali mitundu iwiri yoyenda choimirira. Wina unatha osasiya mbewu. Fuko la winawo lilipo kufikira lero.

Awerengi azindikirenso kuti m'maphunziro awa mawu a katswiri, ngakhale wotchuka, ayesedwanso ndi omutsata. Mu 1965 ndi 1966 Profesa Desmond Clark anakumba m'mudzi wa Mwanganda ku Karonga, napeza mafupa a njovu pamodzi ndi zida za miyala, nati anthu akale anasendera njovu pamenepo. Ofufuza amene anakumbanso malowo kuyambira mu 2009 anapeza umboni wakuti madzi angakhale ndiwo anasonkhanitsa mafupa ndi zidazo pa nthawi zosiyana. Mlandu wa m'miyala suzengedwa kamodzi.

MAFUNSO A M'KALASI

Pali zinthu zitatu zimene ana, ndi akulu omwe, asokoneza kawirikawiri, ndipo mphunzitsi achita bwino kuziwongola.

Choyamba, anthu sanakhale pamodzi ndi madinosaur aakuluwo. Zilombozo zinatha zaka 66 miliyoni zapitazo, pamene chimwala chachikulu chochokera kumlengalenga chinagwera kumene lero kuli Mexico, fumbi ndi utsi nizitchinga dzuwa. Pakati pa tsiku limenelo ndi mwini chibwano cha ku Uraha pali zaka zoposa 63 miliyoni. Mafupa onsewo apezeka m'boma limodzi, koma m'mizere yosiyana.

Chachiwiri, nthambi imodzi ya madinosaur inapulumuka, ndiyo mbalame. Nkhuku ya pakhomo ndi nkhwazi ya kunyanja zili pachibale ndi Malawisaurus koposa mmene ng'azi alili.

Chachitatu, sayansi siphunzitsa kuti nyani wa m'phiri anasanduka munthu. Iphunzitsa kuti anthu ndi achimpanzi anachokera ku kholo limodzi limene linakhala mu Africa zaka 6 kapena 7 miliyoni zapitazo, monga momwe ana a achimwene awiri ali ndi agogo amodzi popanda wina kubala mnzake. Anthu a mtundu wathu weniweni anaonekera mu Africa muno zaka pafupifupi 300,000 zapitazo, ndipo mitundu yonse ya anthu pa dziko lapansi, yakuda ndi yoyera, inachokera kwa iwo.

Aphunzitsi ena aopa phunziro ili poganizira chikhulupiriro cha makolo a ana ndi chawo chomwe. Nkhawa imeneyi sitiipeputsa. Koma tikumbuke kuti Drummond, amene anatola zotsalira ku Karonga, anali mlaliki wa mpingo womwewo umene unakhazikitsa misyoni ya Livingstonia, ndipo mu 1894 analemba buku la The Ascent of Man povomereza kusintha kwa zamoyo osataya chikhulupiriro chake. Akhristu ndi Asilamu asiyana maganizo pa nkhaniyi kufikira lero, ndipo si ntchito ya mphunzitsi wa sayansi kuweruza pakati pawo. Ntchito yake ndiyo kuika umboni patsogolo pa mwana moona: fupa ili, linapezeka apa, mu mzere uwu, ndipo zaka zake anaziwerenga motere. Kulumpha mutuwo ndiko kumana mwana mbiri ya nthaka imene waimapo.

ZIMENE ZINAONEKERA ANANSI ATHU

Kuyambira 1909 kufikira 1913 Ajeremani anakumba pa phiri la Tendaguru, kumwera kwa dziko limene lero ndi Tanzania. Mazana a anthu akuda ndiwo anakumba ndi kusenza pamutu mafupa olemera matani oposa 200 kufikira ku doko la Lindi. Lero chilombo chachikulu cha ku Tendaguru, Giraffatitan, chaimikidwa mu mzinda wa Berlin, msinkhu wake mamita 13, ndipo mwana wa ku Lindi wofuna kuchiona ayenera kukwera ndege.

Pa 17 June 1921 anthu okumba mgodi ku Broken Hill, kumene tsopano ndi Kabwe, anapeza chigaza cha munthu wakale, chimene kupima kwa mu 2020 kunasonyeza kuti chili ndi zaka pafupifupi 300,000. Eni mgodi anachipereka ku nyumba yosungiramo zinthu zakale ku London. Boma la Zambia lakhala likupempha kuti chibwerere kuyambira zaka za m'ma 1970, ndipo mu 2018 linatula nkhaniyi ku bungwe la UNESCO. Chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe.

Dziko lathu linatsekula nyumba yosungiramo zinthu zakale ku Chichiri mu 1966, ndipo chaka chotsatira Boma linakhazikitsa nthambi yoona za zinthu zakale. Chifukwa cha ichi, ofufuza amene anadza pambuyo pake anagwira ntchito ndi chilolezo cha Boma, pamodzi ndi Amalawi, ndipo zimene anapeza ndi katundu wa mtundu wa Amalawi. Mu November 2004 ku Karonga kunatsekulidwa Cultural and Museum Centre, kumene kwaimikidwa chifanizo chathunthu cha mafupa a Malawisaurus. Sitikunena kuti alendo asabwere. Mutu umodzi susenza denga, ndipo popanda ndalama ndi makina awo zambiri mwa izi sizikadadziwika. Koma mgwirizano ukhala wolungama pokhapokha mwini dziko ali ndi akatswiri akeake ndi mosungira mwake.

NTCHITO YA ALIYENSE

Lamulo la Monuments and Relics liwerenga zotsalira za zamoyo zakale pakati pa zinthu zotetezedwa. Palibe munthu aloledwa kuzikumba kapena kuzitulutsa m'dziko popanda chilolezo cha Boma, ndipo wozipeza ayenera kudziwitsa akuluakulu. Koma lamulo lolembedwa m'buku silingaletse mvula, ndipo antchito a nthambi imeneyi sangakhale pa chigwembe chilichonse. Maso a Boma m'midzi ndiwo mphunzitsi, mlangizi wa zaulimi, kapitawo wa pamsewu ndi nyakwawa.

Munthu akapeza fupa lolemera ngati mwala, kapena dzino lachilendo, asalizule ayi. Fupa lochotsedwa pamalo pake lili ngati kalata yopanda dzina ndi keyala: mawu ake alipo, koma sitidziwa kumene achokera ndi nthawi imene analembedwa. Aike chizindikiro pafupi, ajambule chithunzi ngati ali ndi foni, nadziwitse a mfumu, ofesi ya bwanamkubwa, kapena nyumba yosungiramo zinthu zakale. Wogula mwamseri adzapereka ndalama yothera pa msika umodzi, pamene fupa lomwelo likasungidwa lidzakoka alendo ndi ophunzira kwa mibadwo yambiri.

Antchito a Boma ovomereza mapulani a misewu, migodi ndi nyumba zazikulu m'maboma a Karonga ndi Rumphi aonetsetse kuti akatswiri a zinthu zakale ayendera malowo makina asanayambe kugumula. Kuchedwa kwa sabata imodzi kubwezeka. Fupa lophwanyidwa silibwezeka, pakuti madzi akatayika saoleka.

Aphunzitsi aakulu a sukulu zimene zingathe akonze ulendo wa ana wokaona Malawisaurus ku Karonga. Amene ali kutali angatenge ana kumtsinje wapafupi, kuwaonetsa mizere ya mchenga ndi dongo pa gombe logumuka, ndi kuwafunsa kuti mzere woyamba kugona ndi uti. Phunziro lonse la zaka za dziko liyambira pa funso limenelo. Ndipo oyang'anira maphunziro apamwamba akumbukire kuti akatswiri a mbadwo woyamba akukula. Pafunika anyamata ndi atsikana ena ophunzira za miyala ndi zamoyo, opatsidwa thandizo la maphunziro ndi ntchito yowadikira akamaliza.

Kuchokera pa tsiku limene Haughton anatchula chilombo cha ku Mwakasyunguti kufikira pamene Mmalawi analemba nawo dzina lake lenileni panapita zaka 65. Zigwembe za kumpoto zikali ndi zambiri zosafukulidwa, ndipo mvula ya chaka chino idzavundukula zina. Amene adzayamba kuziona ndi mbusa wa ng'ombe kapena mwana wopita kusukulu, ndipo chimene adzachita nazo chidzatsata zimene mphunzitsi wake anamuuza.